Bambo anga amanong'onabe m'nyumba mwawo momwe

Dzulo kunyumba ku Matawale tinkacheza za mtengo wa feteleza. Nkhani itangokhudza boma, bambo anatsitsa mawu n'kuponya maso kuwindo. Munthu wa imvi zake, m'nyumba yomanga yekha, pabwalo popanda ngakhale nkhuku. Ine ndinaseka, iwo ayi.

Unyamata wawo unathera mu ulamuliro wa Kamuzu, nthawi imene mnzako wa pamowa ankatha kukhala wa Special Branch (apolisi aukazitape), ayufi ali pachipata cha msika kufunsa kadi ya chipani. Ndiye ife a ku Zomba ndende ya Mikuyu sitinkachita kuimva pa wailesi, inali pompano, anthu akutha zaka m'menemo osaonekera kukhoti. Referendamu inadutsa mu 1993, koma kazitape amene analowa m'mutu mwa bambo sanatulukemo. Munthu akakulondalonda nthawi yaitali, ntchitoyo umamulanda, umayamba kudzilonda wekha iye ali mtulo.

Chandiwawa n'chakuti ine wosekane ndili chimodzimodzi. Pa gulu la WhatsApp la anzanga akusukulu ndimalemba, kuwerenga kawiri, kenako kufufuta. Chiyambire 2018 pomwe bungwe loyang'anira za mafoni ndi mawailesi la MACRA linalamula kuti nambala za foni zilembetsedwe, ndimadziwa kuti chilichonse chochoka pafoni yanga chili ndi dzina langa. Komabe kunena zoona, chimene chimandisowetsa tulo si boma, ndi screenshot. Mawu oyankhula mocheza usiku, kukacha ali kwa abwana kapena kwa akulu a mpingo, ndipo wowatumiza ndi munthu woti munadyera mbale imodzi. Zikakuchitikira kamodzi, aliyense umamuyang'ana ndi diso lina. Pagulu umangoponya "Amen" ndi tizithunzi toseka. Mapeto ake ukafunsidwa maganizo ako enieni umachita kuwafunafuna, chifukwa unasiya kalekale kuwatulutsa.

Ena mumati ngati sunalakwe ukuopanji. Nanga kumudzi bafa la udzu timalimangiranji, kusamba ndi mlandu? Ngakhale gawo 21 la malamulo aakulu a dziko lino limateteza chinsinsi cha munthu, makalata ndi mafoni omwe.

Pa nsima ndinawafunsa bambo kuti kuwindo kuja amayang'ana ndani. Anati palibe aliyense mwanawe, n'kundifunsa ngati ku Domasi mvula yagwa.