Robert Stone anasintha maganizo, koma kamera yake inasiya kuyang'ana anthu

Robert Stone ndi wojambula mafilimu a zochitika zenizeni amene ndimamulemekeza, ngakhale pali mfundo imodzi imene timasiyana. Mu 1988 anatulutsa Radio Bikini, filimu yonena za mabomba awiri a nyukiliya amene dziko la America linayesa pa zilumba za Bikini m'nyanja ya Pacific mu 1946, litasamutsa eni nthaka 167 powauza kuti zimenezi zikomera anthu a dziko lonse lapansi. Munthu amene sachoka m'mutu mwanga ndi John Smitherman, msilikali wa pamadzi amene analiko. Kwa nthawi yaitali timangoona nkhope yake akufotokoza modekha, kenaka chakumapeto kamera imationetsa thupi lonse, ndipo timazindikira kuti miyendo yonse iwiri anamudula, dzanja lake lili lotupa kwambiri.

Mu 2013 Stone yemweyo anatulutsa Pandora's Promise, mmene akunena kuti magetsi a nyukiliya ndiwo angatithandize polimbana ndi kusintha kwa nyengo, popeza satulutsa utsi ngati malasha. Ambiri otsutsa nyukiliya anakwiya naye. Ine sindikuona cholakwa pamenepo, chifukwa bomba ndi malo opangira magetsi ndi zinthu ziwiri zosiyana, ndipo munthu wovomereza poyera kuti wasintha maganizo ndi wosowa.

Chimene chimandivuta ndi anthu amene anawapatsa mpata wolankhula. Mufilimu yachiwiriyi timaona kachipangizo koyezera poizoni wa nyukiliya kakuonetsa manambala ku Fukushima (Japan) ndi ku Chernobyl (Ukraine), kumene kunachitika ngozi pa malo opangira magetsi a nyukiliya anthu n'kusamutsidwa, ndi pa gombe la Guarapari ku Brazil, pamene mchenga uli ndi poizoniyu mwachilengedwe, ndipo otilongosolera nkhani ndi olemba mabuku monga Stewart Brand ndi Mark Lynas. Manambalawo akhoza kukhala olondola ndithu, koma sangatiuze mmene mlimi amamvera akauzidwa kuti asabwererenso kumunda kwake.

Nkhaniyi imatikhudzanso ife. Mgodi wa Kayelekera ku Karonga, wokumbako yureniyamu (mwala umene amapangira magetsi a nyukiliya), unatsegulidwa mu 2009, ndipo unaima mu 2014 mtengo wogulitsira yureniyamu utatsika kutsatira ngozi ya ku Fukushima ya mu 2011, anthu ambiri n'kuchotsedwa ntchito. Ndikanakonda Stone wa mu 1988 uja atakhala pansi ndi mmodzi wa anthu amenewo, amene anakumba miyala yoyatsira magetsi kutsidya kwa nyanja pamene m'midzi yoyandikana ndi mgodiwo ambiri ankaunikira koloboyi.