Musiyeni mayi uja alankhule yekha

Ine lero zandinyansa. Dzulo mnyamata wina wojambula mafilimu a zochitika zenizeni anationetsa ntchito yake, ya amayi ogulitsa usipa pamsika. Kamera yobwereka, ndalama za m'thumba mwake, miyezi akungowalondola amayiwo. Pali pena mayi wina akuwerenga ndalama madzulo, akubwereza kawiri, osayankhula, kenaka n'kuzimanga pansonga ya chitenje. Tonse m'chipindamo tinangoti zii. Itangotha, bwana wina wa bungwe lina anadzuka n'kuti filimuyo ikufunika munthu wofotokoza, kanyimbo komvetsa chisoni, ndiponso aidule ikhale mphindi zisanu.

Afotokoze chiyani? Mayi uja alibe pakamwa? Nanga ifeyo tilibe maso?

Bwanawe, kamufufuzeni Frederick Wiseman wa ku Boston. Anaphunzira zamalamulo, koma anakatola kamera. Mafilimu oposa 40, ndipo mulibe wofotokoza, mulibe kukhazika munthu pampando n'kumamufunsa mafunso, mulibe nyimbo zoikamo kuti mulire. Iye kwake kunali kulowa m'sukulu, m'chipatala, mu ofesi ya boma, kukhalamo masabata angapo, kenaka miyezi yambirimbiri akusankha yekha zoika ndi zotaya. Filimu yake ya mu 1967 yotchedwa Titicut Follies anaijambula ku Bridgewater, chipatala cha akaidi odwala misala ku Massachusetts. Sanatukwanemo munthu, anangoonetsa mmene anthu ankawasungira ali maliseche m'tizipinda. Khoti linailetsa kuonetsedwa kwa anthu wamba mpaka 1991. Ikanakhala yopanda mphamvu akanailetseranji zaka zonsezo? Filimu yake ina, Near Death ya mu 1989, ndi ya maola pafupifupi 6. Inu mukuti mphindi zisanu! Ndipo mu 2016 anam'patsa mphotho yaulemu ya mafilimu yotchedwa Oscar, popanda kanyimbo kanuko.

Kuona maso a nkhono n'kudekha. Inu kudekhako mulibe, basi. Mukufuna munthu wovala tayi aziyankhulira mayi wa usipa, ngati kuti mayiyo sadziwa moyo wake. Mukufuna tiuzidwe pomvera chisoni ndi poombera m'manja. Kumeneko n'kutinyoza ife oonera, n'kumunyozanso mayi uja. Mwina n'chifukwa choti malipoti a kwa omwe amakupatsani ndalama amafuna zachidule, kaya, izo n'zanu. Koma munthu akalankhula yekha, kapena akangokhala chete yekha, musiyeni. Musamuvale pakamwa.

Chinanso chondiwawa, anthu omwewa ndi aja amati filimu yako tipatse tikaonetse ku msonkhano, dzina lako litchuka. Kutchuka kumagula batire? Kumalipira minibasi yopita kumsika tsiku ndi tsiku? Pa msonkhano womwewo alawansi mwalandira, chakudya cha kuhotela mwadya, fanta mwamwa, koma wojambula mwam'patsa zikomo wa pakamwa. Kamera yomweyo mwini wake akuifuna Lachisanu.