"Nyerere" za mu nkhuyu zija si nyerere zonse ayi

Alembi a nkhani ya mikuyu, mwati kuli timavu ting'onoting'ono timene timabereketsa mkuyu ndipo timafera m'chipatso momwemo. Zoona, koma mwadumpha chinthu chimene ife okulira kumudzi tinachiona ndi maso. Tili ana tinkang'amba nkhuyu, kuuzira pang'ono, n'kumeza. Agogo ankangoti chikomekome cha mkuyu m'kati muli nyerere. Tizilombo tofiirira topanda mapiko tija, tambiri sitinali nyerere konse, tinali timavu tatimuna. Timabadwira m'menemo, timakwatira m'menemo, kenako timaboola kabowo koti tatikazi titulukire titanyamula mungu, tatimunato n'kufa. Kakakazi nako polowa mu nkhuyu ina kamathothoka mapiko chifukwa khomo lake ndi lopanikiza, ndiye kubwerera kulibe.

Chimene chimandidabwitsa ine ndi ulendo wake. Kachilombo kosakwana mamilimita atatu, kokhala ndi moyo tsiku limodzi kapena awiri, koma ku Namibia, m'mbali mwa mtsinje wa Ugab, ofufuza anapeza kuti mungu unayenda makilomita 160 kuchoka pa mkuyu wina kufika pa unzake, mphepo ya usiku ikuuluza timavuto.

Ndiye inu amene mwalemba pamwambapa kuti kudula mkuyu umodzi palibe vuto, taganizaninso. Mikuyu sibereka nthawi imodzi, choncho timavu tikatuluka timafunika tipeze mtengo wina umene nkhuyu zake zangoyamba kumene. Kwathu kudambo kunali mikuyu inayi, itatu inapita ku uvuni wa njerwa. Wotsalawo ngakhale mileme sibwerakonso ngati kale.