Pombal uja musamangomuombera m'manja

Maganizo anga pa Marquês de Pombal, mkulu uja amene anali nduna yaikulu ya mfumu ya ku Portugal, amene dzina lake lenileni ndi Sebastião José de Carvalho e Melo. Anthu ambiri mukangomva kuti anamanganso Lisbon, likulu la dzikolo, basi mwagwa naye, mpaka kumati dziko limafunika munthu wankhanza chonchi kuti liyende. Dikirani kaye.

Ntchito anagwira, izo sindikana ayi. Pa 1 Novembala 1755 chivomezi chinagwedeza Lisbon m'mawa anthu ali m'matchalitchi pa tsiku la oyera onse, kenako madzi a m'nyanja nkusefukira mumzinda, kenako moto kuyaka masiku angapo, anthu kufa masauzande. Mfumu José I inachita mantha moti sinafunenso kugona m'nyumba ya miyala, inakakhala m'nyumba ya matabwa ku Ajuda. Amene anagwira zinthu ndi Pombal, mitembo kuikweza m'maboti nkukaimiza m'nyanja kuopa miliri, akuba kuwanyonga pompopompo, amalonda kuwaletsa kukweza mitengo ya chakudya. Pakati pa mzinda anamangapo misewu yowongoka yotakata, nyumba zake zokhala ndi matabwa olukana mkati mwa makoma kuti chivomezi chikabweranso zizingogwedera osagwa. Anatumizanso mafunso kumaparishi, kuti kwanuko chinatenga nthawi yaitali bwanji, madzi m'zitsime anakwera kapena anatsika, pomwe ansembe ena amangolalikira kuti ndi chilango cha Mulungu. Apa ndiye ndimamuvulira chipewa. Yunivesite ya Coimbra anaikonzanso mu 1772, zoonadi.

Koma munthu yemweyu, mfumu itawomberedwa ndi mfuti mu 1758 nkupulumuka, anapezerapo mwayi wothana ndi banja lolemekezeka la a Távora ndi Duke wa ku Aveiro powaimba mlandu wa chiwembucho. Anthu anazunzidwa kuti avomere mlandu, ndipo mu Januwale 1759 anawapha pagulu ku Belém, mayi wa pabanjapo kumudula mutu, amuna kuwaswa mafupa, kenako kuotcha zonse phulusa nkutaya mumtsinje. Chaka chomwecho anathamangitsa ansembe a Chikatolika a gulu la ma Jesuit mu Portugal ndi m'maiko onse amene ankawalamulira, mpaka omwe anali ndi minda ikuluikulu m'chigwa cha Zambezi ku Mozambique kuno anachoka minda nkulandidwa. Wansembe wokalamba Gabriel Malagrida anamupha mu 1761.

Koma chimene chimandiwawa kwambiri ine ndi nkhani ya akapolo, chifukwa apa ndi pomwe amamupaka mafuta. Mumva akuti Pombal anathetsa ukapolo. Anathetsa kuti? Lamulo la 1761 linaletsa kubweretsa akapolo atsopano mu Portugal mwenimwenimo, osati ku Brazil. Ndipo iyeyu ndi amene anakhazikitsa makampani awiri, ya Grão-Pará e Maranhão mu 1755 ndi ya Pernambuco e Paraíba mu 1759, omwe mwa bizinesi zawo zikuluzikulu kunali kunyamula anthu akuda kuchokera ku Bissau ndi Cacheu (m'dziko lomwe lero ndi Guinea-Bissau) ndi ku Angola kukawagulitsa ku Brazil kuti azikalima thonje, mpunga ndi nzimbe. Ndiye mukaonetsetsa lamulo lija silinali la chifundo ayi, amangofuna kuti munthu aliyense wogwidwa ku Africa apite kumunda komwe akabweretse ndalama, osati azikatunga madzi m'nyumba za mabwana ku Lisbon. Kusesa pakhomo pako zinyalala nkukathira kuseri kwa nyumba, alendo nkumakutama kuti ndiwe waukhondo. Kwa mayi wogwidwa ku Angola mu 1765 lamulo limenelo linasintha chani? Sitima inali yomweyo, unyolo womwewo.

Eni nthaka a ku Brazil nawo anawalamula kuti asiye chiyankhulo chawo azilankhula Chipwitikizi, mayina atenge a Chipwitikizi, akuti kuwatukula kumeneko.

Mfumu José itamwalira mu 1777 mwana wake Maria I atalowa ufumu sanachedwe, anamuchotsa Pombal paudindo, ndende zitatsegulidwa munatuluka anthu mazanamazana ena atakhalamo zaka zambiri opanda kuzengedwa mlandu. Iye anakafera kumudzi ku Pombal mu 1782. Lero ali pa chipilala chachitali pa raundabauti yaikulu ya mu Lisbon, mkango uli pambali pake. Apwitikizi azimunyadira, mzinda ndi wawo, koma ife anthu akuda kumamutchula kuti womasula akapolo ndiye ayi, ine sindilowa nawo.