Ashan athawa nkhondo, koma amawerengedwa ngati aganyu

Nkhani ya anthu a mtundu wa Shan imandiwawa mumtima chifukwa ubale umene unayenera kuwateteza ndi womwe unawabisa. Pakati pa 1996 ndi 1998, asilikali a boma la Myanmar anasamutsa mokakamiza anthu oposa 300,000 m'midzi yoposa 1,400 ya m'chigawo cha Shan, ndipo ambiri anawoloka malire n'kulowa m'dziko la Thailand, kumene anapeza anthu olankhula chinenero chofanana ndi chawo komanso opembedza Chibuda monga iwo. Boma la Thailand, lomwe silinasaine pangano la 1951 loteteza othawa kwawo, linalola Akaren ndi Akarenni, mitundu ina ya ku Myanmar, kukhala m'misasa yovomerezeka, pamene Ashan linawatenga ngati achibale ongobwera kudzasaka ganyu.

Munthu amene salembedwa ngati wothawa nkhondo salandira chakudya cha m'misasa, komanso alibe mwayi wosamukira kudziko lachitatu. Ndiye Ashan anamwazikana, ena m'minda ya malalanje ku Fang komwe amapopera mankhwala oopsa, ena m'ntchito zomanga ku Chiang Mai, aliyense akuopa wapolisi wofunsa mapepala. Chimene chimandidetsa nkhawa kwambiri ndi ana. Makolo anathawa nyumba zikuyaka, opanda chitupa cha Myanmar, choncho mwana wobadwira ku Thailand amakula mayiko onse awiri osamutcha nzika yawo. Sukulu amaloledwa kulowa, koma munthu wopanda unzika amafunika chilolezo kuti atuluke m'chigawo chimene analembedwa, ndipo sangagule malo kapena kuponya voti.

Msasa waung'ono wa Koung Jor, womwe unayamba mu 2002 ku Wiang Haeng, pamodzi ndi misasa ya m'mapiri a m'malire monga Loi Tai Leng, inasiya kulandira chakudya cha mabungwe mu Okutobala 2017, kwawo mtendere usanabwerere. Chaka chotsatira, anyamata atatu ndi mphunzitsi wawo wa mpira, omwe analibe unzika ndipo anapulumutsidwa atatsekeredwa ndi madzi m'phanga la Tham Luang ku Thailand, anapatsidwa unzika wa Thailand patangodutsa masabata ochepa. Ndinakondwera nawo, koma zimenezi zinandionetsa kuti boma likafuna, mapepala sachedwa. Ine ndikuti mwana wa Mshan wa ku Fang sayenera kuyamba wagwera m'phanga kuti dziko limulembe m'kaundula.