Yambirani ku Koh Ker, osati ku Beng Mealea

Mlembi wa nkhani ina ya zaulendo wanena zoona kuti wofuna kuona akachisi akale a ku Cambodia popanda khwimbi la alendo la ku Angkor Wat achite hayala galimoto ndi dalaivala wake kwa tsiku limodzi, koma sindikugwirizana naye pamene akulangiza kuti ulendo wokaona akachisi a ku Beng Mealea ndi ku Koh Ker uyambire ku Beng Mealea. Koh Ker ili pamtunda wa makilomita pafupifupi 120 kuchokera ku Siem Reap, mzinda wa pafupi ndi Angkor Wat, ndipo n'kwanzeru kufikako dzuwa lisanatenthe, chifukwa kukwera Prasat Thom, kachisi wosanjikizana kasanu ndi kawiri wotalika mamita oposa 30, n'kotopetsa kwambiri masana. Malowa si oonera mothamanga ayi, pakuti mfumu Jayavarman IV inakhazikitsa likulu la ufumu kumeneko mu 928, likululo linakhalako mpaka 944, ndipo bungwe la UNESCO linaika malowa pamndandanda wake wa malo ofunika kwambiri pa mbiri ndi chikhalidwe padziko lonse mu 2023. Beng Mealea ili panjira yobwerera, ndipo mitengo imene inamera pakati pa miyala yogumuka imapereka mthunzi madzulo. Nkhani ya mlembiyo ikanachenjezanso alendo kuti asapatuke m'tinjira tovomerezeka, popeza m'maderawa munakwiriridwa mabomba apansi m'nthawi ya nkhondo.