Nthawi ili ndi chiswe chake

Mwina munena kuti ndayamba kubalalika mutu, koma tandimvani kaye. Ine ndayamba kukhulupirira kuti nthawi ili ndi chiswe chake. Chimadya zakale chamumtima, kunjaku kukuoneka bwinobwino, mpaka tsiku lina ukangokhudza, zonse phwasu, kutsala dothi lokha.

Mwezi wathawu ndinali kumudzi kwa Chamama. Ndinatsekula sutikesi yachitsulo ya agogo aamuna, ija anabwera nayo kuchoka ku Joni nthawi ya Wenela, bungwe lija linkatenga anthu kukagwira ntchito ku migodi, Kamuzu asanatseke ulendowu mu 1974 ndege itagwa ku Francistown. M'katimo munali chithunzi chimodzi. Amuna atatu aimirira, koma nkhope zonse zinafufutika, pangotsala mbee. Zikuoneka ndi nsapato, ndi chipewa cha wapakatiyo. Amayi akuti agogo ndi apakatiwo, chifukwa chipewa sankachisiya. Azakhali akuti ayi achemwali, abambo anali aatali, ndi akumanzerewo. Anakangana mpaka nsima kuzizira. Woti n'kuweruza mlanduwo tinamuika kale m'manda.

Usiku umenewo tulo sitinabwere. Ndinkangoganiza kuti bwanji ngati si pepala lokha limene likufufutika? Bwanji ngati masiku enieniwo akudyedwa limodzilimodzi, kuyambira kumapeto uko kubwera kuno? Poyamba chimapita ndi chinthucho. Kenako dzina lake. Pomaliza chimafotsera ndi dzenje lomwe, moti palibenso amene amazindikira kuti apa panali kanthu.

Tayang'anani nkhokwe. Tikukula, khomo lopanda nkhokwe linali la mlesi. Lero chimanga timachitongola, kuthira mankhwala, kusokera m'matumba n'kugona nacho kuchipinda kuopa akuba. Kamdzukulu ka achimwene, kobadwira pa Kasungu boma, kanandifunsa ngati nkhokwe ndi nyumba ya nkhuku. Ndinakauza kuti kale tinkagula masiwiti ndi ma tambala, kanaseka kuti agogo mukunama, munthu angapite kugolosale atanyamula tambala?

Njala ya 2002 ife tinaiona ndi maso kuno ku Kasungu, anthu akudya zitsa za nthochi, gaga akusanduka chakudya cholimbirana. Ana a ku sekondale lero amaimva ngati nthano ya kalulu. Ya 1949 ndiye basi, inatsala m'mawu awiri okha a agogo aakazi, akaona mwana akutaya mkute: "Simunaione inu." Mu paki yathu ya Kasungu muli ng'anjo zomwe makolo ankasungunuliramo chitsulo chosulira makasu. Ng'anjozo zilipo ndithu, koma ndani m'mudzi mwanu angakuuzeni mmene ankakolezera moto wake, kapena zoletsa zimene osulawo ankasunga? Apa chiswe chinadya m'kati, n'kutisiyira chikhungwa.

Komabe tisamachinamizire chiswechi chilichonse. Ambiri a ife ndife amene timachitengera m'nyumba. M'sutikesi muja munali makalata ambiri amene agogo ankalemba ali ku mgodi. Msuweni wanga anapichira fodya ena. Otsalawo, ndisabise, ndinakolezera mbaula ndine ndili Fomu 2, mvula itanyowetsa nkhuni. Panthawiyo anali mapepala chabe.

Ena munena kuti masiku ano tili ndi mafoni, palibe chotayika. Iii, ndinkatero inenso. Foni yanga anandisolola pa depoti, n'kupita ndi zithunzi za zaka zitatu, kuphatikizapo za tsiku lomanga chiliza cha agogo omwewo. Chithunzi cha ku Joni chija chapirira zaka zoposa 50. Zanga sizinathe n'komwe zaka zinayi.

Ndiye m'mawa mwa usiku ndinasowa tulo uja ndinakhazika azakhali pamkeka, foni yatsopano ili pakati, ndikujambula mawu. Ndinati azakhali, tanditchulireni mayina a mtundu wathu, mubwerere m'mbuyo mpaka pamene mungafike. Anayamba bwino, akuwerenga ndi zala. Amayi awo, agogo awo, ang'ono a agogowo amene anakwatiwa kwa Wimbe. Atafika pa amayi a agogo awo anaima. Anayang'ana pansi, n'kumakanda mkeka ndi chala.

"Dikira mwanawe," anatero, "dzinali linali pakamwa pompa."

Ndinadikira. Foni inajambula mphindi zinayi za nkhuku zikulira pabwalo.